Msewu Ukadya Munda, Mlimi Adalire Chiyani?

Palibe mlangizi amene angadane ndi msewu wabwino. Fodya wa ku Karoi, m'boma la Hurungwe, sangafike ku okushoni ku Harare popanda misewu ya m'mafamu yokalumikizana ndi msewu waukulu wa ku Chirundu. Koma khonsolo ikamakulitsa msewu wotere, giredala imadya mizere, mitengo ndi migula, nthawi zina balani yeniyeniyo. Funso langa nlakuti, kodi lamulo limamuteteza bwanji mlimi amene waonongeredwa?

Malamulo aakulu a dziko la Zimbabwe a 2013 amanena momveka m'gawo 71: wolanda katundu wa munthu achenjeze mwiniwake nthawi ilipo, alipire chipukutamisozi chokwanira, ndipo wosakhutira ali ndi ufulu wopita ku khoti. Gawo 74 limaletsa kugwetsa nyumba ya munthu popanda chilolezo cha khoti. Mawu okoma ndithu. Vuto lili pa gawo 72, lokhudza malo aulimi: boma likatenga malo otere sililipira nthaka ayi, limalipira chitukuko chokha chimene chili pamalopo. Tsono alimi ambiri ozungulira Karoi adalandira minda pa kugawa malo kumene kudayamba mu 2000, ndipo chimene adapatsidwa ndi kalata ya boma, nthaka nkukhalabe ya boma. Nanga adzukulu a Amalawi ndi anthu a ku Mozambique amene adatsala m'makomboni a m'mafamu? Ambiri mwa iwo ngakhale kalatayo alibe.

Nchifukwa chake ndikuti mphamvu ya mlimi yagona pa umboni wa chitukuko chake, ndipo apa ntchito ndi yathu. Ndani wina amadziwa chaka chimene balani idamangidwa, chiwerengero cha mitengo ya bulugamu, kuya kwa chitsime, kapena matumba amene chigawo cha m'mphepete mwa msewu chimatulutsa? Zimenezi zilembedwe giredala isanafike, mlimi asunge pepala lake, ofesi isungenso lake. Mtengo ukagwa nkuotchedwa, woyesa chipukutamisozi sawerengera chitsa.

Ena adzati mlangizi si loya. Nzoona, ndipo sindikuti tizikangana ndi makhonsolo. Komabe tiyenera kudziwa malire a msewu, chifukwa mlimi wolima m'kati mwa malire amenewa mlandu umamuvuta. Anzathu a ku Tete ndi Niassa akudziwa kuti lamulo la malo la 1997 lidapatula mamita 30 m'mbali mwa msewu waukulu ndi 15 mwa waung'ono. Ku Malawi gawo 44 la malamulo aakulu a 1994 limafuna chidziwitso, chipukutamisozi ndi mwayi wokadandaula ku khoti.

Chimene chimaiwalika kawirikawiri ndi madzi. Ngalande ya msewu ikalozetsedwa m'munda, chigwembe chimadya nthaka yoposa imene giredala idatenga, ndipo chimakula dzinja lililonse. Mlangizi apemphe kuona mapulani a ngalande ntchito isanayambe, ndipo aende nawo m'mundamo pamodzi ndi mlimi ndi injiniya wa khonsolo.