Botolo la mlendo ndi mudzi wa eni ku Maldives

Munthu akatsika ndege pa bwalo la Velana, pafupi ndi mzinda wa Malé, zikwama zake zimadutsa m'makina ounikira. Mukapezeka botolo la mowa, ngakhale logulidwa mwalamulo pa bwalo la ndege ku Dubai kapena ku Doha, a kasitomu amalitenga n'kulisunga kuti mwiniwake adzalitenge pobwerera. Munthu yemweyo akakwera boti n'kufika pa chilumba cha hotela imene walipira, amapeza bala yodzaza ndi vinyo ndi mowa wa mitundumitundu, ndipo palibe womufunsa kanthu malinga ngati wakwanitsa zaka 18. Alendo ambiri amati chimenechi n'chinyengo: dziko lingalande bwanji pakhomo chinthu chimene likukagulitsa kuseri? Ine ndikuona kuti chimene a ku Maldives anachita ndi kulemba malire, ndipo anthu a pa chilumba ali ndi ufulu wolemba malire otero, ngakhale mlendo atalipira ndalama zochuluka motani.

Dzikoli ndi la zilumba pafupifupi 1,190 zomwazikana m'nyanja ya Indian Ocean, ndipo zosakwana 200 ndi zimene pali midzi. Malamulo ake aakulu a chaka cha 2008 amati chipembedzo cha dziko ndi Chisilamu, ndipo munthu wosakhala Msilamu sangakhale nzika. Pamene ntchito yokopa alendo inkayamba mu 1972, ndi hotela yoyamba ya Kurumba, anthuwa anasankha njira imene akuitsatirabe: hotela imodzi pa chilumba chake, chilumba chopanda mudzi. Mowa umaloledwa kumeneko ndiponso m'maboti akuluakulu ogonamo alendo amene ali ndi chilolezo. Pa zilumba za midzi, kuphatikizapo likulu la Malé, mowa sugulitsidwa. Mu 2024 alendo amene anafika anapitirira 2 miliyoni, pamene anthu okhala m'dzikomo angopitirira pang'ono theka la miliyoni. Pa munthu mmodzi wokhalamo pamabwera alendo pafupifupi anayi pa chaka, ndipo chilumba cha mudzi nthawi zambiri n'chaching'ono moti munthu amachizungulira wapansi osatopa. Bala ikatsegulidwa pamalo otero, imakhala moyang'anizana ndi mzikiti, sukulu ndi khonde la agogo. Kulibe mbali ya tauni imene mungakankhireko phokoso.

Kuti tione chimene chimachitika malire akasowa, tiyang'ane ku Mallorca ndi Ibiza, zilumba za dziko la Spain. Kumeneko kulibe chipembedzo choletsa mowa, zaka zoyambira kumwa ndi 18, ndipo kwa nthawi yaitali malo ngati Magaluf ankadziwika ndi achinyamata obwera kudzamwa usiku wonse pa mtengo wotsika. Mu Januwale 2020 boma la zilumbazo linatopa nazo. Linakhazikitsa lamulo la ku Magaluf, Playa de Palma, S'Arenal ndi dera lina la Sant Antoni, loletsa masitolo kugulitsa mowa kuyambira 9:30 usiku mpaka 8 koloko m'mawa, loletsa maulendo olipiritsa ozungulira mabala ndi kutsatsa mowa wa ulere, ndiponso lolamula kuti m'mahotela amene mlendo amalipiriratu zonse, azipatsidwa zakumwa zoledzeretsa zisanu ndi chimodzi zokha pa tsiku, zitatu pa nkhomaliro ndi zitatu pa mgonero. Linaikanso chindapusa kwa olumpha pa makhonde a nyumba zosanja, masewera amene aphetsa achinyamata oledzera. Mu 2024 anawonjezera chindapusa cha mayuro 500 mpaka 1,500 kwa womwera mumsewu m'madera amenewa. Anthu a ku Mallorca akuyesa kulemba mochedwa malire amene a ku Maldives analemba mlendo woyamba asanazolowere, ndipo kubweza chizolowezi n'kovuta kuposa kuchiletsa chisanamere mizu.

Ena amati mlendo walipira, ndiye azichita chimene akufuna. Mawu amenewa amaiwala kuti mlendo ndi mame, sachedwa kukamuka. Iye amakhala sabata imodzi, pamene mwana wa pa chilumba amene akuona azungu akudzandira pa mchenga adzakulira pomwepo, ndipo mayi amene sanagone chifukwa cha nyimbo adzadzukabe m'mamawa kukaphika. Ndalama ya mlendo imagula chipinda, chakudya ndi ulendo wa pa boti. Siigula mphamvu yosintha kakhalidwe ka mudzi. N'chimodzimodzi ndi nkhani ya zaka. Mnyamata wa ku Germany amaloledwa kugula mowa wamba ndi vinyo kwawo ali ndi zaka 16, wa ku America amadikira mpaka 21, wa ku Malawi kuno 18. Aliyense wa iwo akafika pa bala ya hotela ku Maldives amayezedwa ndi muyezo umodzi wa eni dziko, ndipo kholo limene limakwiya kuti mwana wake wa zaka 17 wamanidwa tambula ya vinyo likupempha wogwira ntchito kuti aike ntchito yake pachiswe chifukwa cha lamulo la dziko lina. Pasipoti imasonyeza kumene munthu wachokera, koma sinyamula malamulo a kwawo.

Chitsutso cholemera ndi cha chinyengo chija, ndipo sindichipeputsa. Walira mvula walira matope: ngati mowa ndi haramu, n'chifukwa chiyani boma limatolera msonkho pa mowa wa m'mahotela, n'kumangira zipatala ndi masukulu? Asilamu ena a m'dzikomo amafunsa funso lomweli mochokera pansi pa mtima. Yankho langa n'lakuti lamuloli silinena kuti mowa ndi wabwino ukawoloka madzi. Limangovomereza kuti mlendo wosakhala Msilamu samangidwa ndi chikhulupiriro cha eni dziko, ndipo limamupatsa malo ake, kwinaku likukana kuti chikhalidwe chake chilowe m'mudzi. Banja losadya nkhumba likhoza kubwereketsa nyumba yake ina kwa munthu wodya nkhumba popanda kulola mphika wake kulowa m'khitchini mwawo, ndipo palibe amene angalitche lachiphamaso. Botolo la pa bwalo la ndege limalandidwa pa chifukwa chomwechi. Limene lili m'bala ya hotela boma limadziwa kumene lili ndi amene akuligulitsa, pamene la m'chikwama likhoza kukathera paliponse, ngakhale m'manja mwa mwana wa sukulu.

Malirewa akuyesedwa tsopano. Kuyambira mu 2009, boma la Mohamed Nasheed linalola nyumba zogona alendo pa zilumba za midzi, kuti ndalama za alendo zisamangothera kwa eni mahotela akuluakulu. Chilumba cha Maafushi, kumwera kwa Malé, chinadzaza ndi nyumba zotere, ndipo alendo a thumba lochepa anayamba kugona pakati pa anthu. Mowa sunaloledwe, koma pamadzi pafupi ndi gombe pamaima maboti okhala ndi bala, ndipo timaboti timatenga ofuna kumwa madzulo n'kuwabweza usiku. Wina anganene kuti apa lamulo lasanduka sewero. Koma ulendo wa mphindi zochepa pamadziwo ukugwira ntchito yeniyeni: womwa amachita kusankha n'kunyamuka, ndipo msewu wa m'mudzi umatsala wopanda bala. Pamene boma linayesa mu 2010 kulola mahotela akuluakulu a pa zilumba za midzi kugulitsa mowa kwa alendo, anthu anachita zionetsero ndipo ganizolo linabwezedwa. Eni mudzi anafunsidwa ndi zochitika, ndipo anayankha.

Pamene mtima wanga umawawa ndi pa nzika zenizenizo. Munthu wa ku Maldives saloledwa kumwa ngakhale pa chilumba cha hotela, ndipo chilango chake chikhoza kufika pa kukwapulidwa. Saloledwanso kugulitsa mowa, motero ntchito za m'bala zimagwiridwa ndi anthu ochokera kunja. Kuteteza mudzi ku phokoso ndi uchidakwa wa alendo ndi chinthu china, kukwapula mnyamata wa m'mudzimo chifukwa cha tambula yomwe mlendo akumwa mwaufulu kutsidya kwa madzi ndi chinanso, ndipo chachiwirichi sindingachiikire kumbuyo. Mnyamata wogwa m'chizolowezi cha mowa amafunika chithandizo, ndipo mantha a chikoti amamuchititsa kubisala m'malo mokafuna thandizolo. Koma amene ayenera kukonza zimenezi ndi a ku Maldives eni ake, m'nyumba yawo ya malamulo ya People's Majlis ndi m'mizikiti yawo, ndipo vutoli silipatsa mlendo chifukwa chobisa botolo m'chikwama. Amene ali ndi ngongole kwa mlendoyo ndi makampani ogulitsa maulendo, amene amaonetsa zithunzi za tambula pa mchenga woyera osamuuza kuti nyumba yotsika mtengo imene wasankha ili pa chilumba cha mudzi. Azimuuza asanalipire.