Njinga ya Eagle inapita kuti?

Aliyense amene anakulira kuno kum'mawa akudziwa kuti Chipata ndi mzinda wa njinga, ndipo kale tinkazipanga tokha. Fakitale ya Luangwa Industries, imene inabwera m'nthawi ya a Kaunda, inkatulutsa njinga za Eagle, zija zinkasenza matumba a chimanga ndi mtedza ku Chadiza, ku Katete mpaka ku Lundazi. Lero imani pamsika wa Kapata m'mawa. Phokoso ndi la njinga zamoto, anyamata akulimbirana okwera. Zina zachokera ku India, zina ku China. Funsani mnyamata mmodzi kuti panjinga yakeyo n'chiyani chapangidwa m'Zambia. Akaganiza bwino adzakulozerani mpweya wa m'matayala.

Si Chipata yokha. Ku Livingstone kunali fakitale yolumikiza magalimoto a Fiat, kunalinso ITT Supersonic yopanga mawailesi. Ku Mansa ankapanga mabatire. Sindikunena kuti kunali kumwamba. Zitsulo zambiri zinkachokerabe kunja, ndalama zakunja zikasowa makina ankaima, ndipo anthu ankadikira katundu miyezi. Koma boma la a Chiluba litalowa mu 1991 n'kutsegula malire, bungwe logulitsa makampani a boma n'kukhazikitsidwa mu 1992, wodwala uja sitinamupatse mankhwala, tinangomukumbira manda. Luangwa Industries inagulidwa ndi Tata, ndipo pang'onopang'ono inazilala.

Malo amene mafakitale anasiya, Japan ndiye anayamba kuwadzaza. Kumeneko galimoto ikamakalamba, kuipimitsa kumene lamulo limafuna kumadya ndalama zambiri, choncho mwini wake amaona kuti kuli bwino kuigulitsa. Ife ndiye timaitola. Munthu amasankha pa Be Forward ali m'nyumba ku Matero mu Lusaka, galimoto n'kutsikira ku Dar es Salaam, n'kulowera pa Nakonde. Ma Corolla, ma Vitz, ma Noah, ma Hiace ndi ma Rosa amene amanyamula anthu a ku Kanyama, ku George ndi ku Mtendere kupita nawo m'tauni, pafupifupi onse anabwera motero. Ndi salaula ya magalimoto, ndipo ine sindiinyoza: mphunzitsi amene sakanalota galimoto yatsopano akuyenda nayo. Kenya amakana galimoto yopitirira zaka 8. Ife timangoonjezera msonkho pa yokalamba, n'kuilowetsa.

Koma mphepo yatembenuka. South Africa idakali patsogolo pa maiko otigulitsa katundu, koma amene wakwera mothamanga m'zaka makumi awiri zapitazi ndi China, ndipo zambiri zimene iye amabweretsa si zakale. Foni ya Tecno kapena itel ili m'thumba mwanu ndi ya kampani ya ku Shenzhen. Mabasi a Yutong ndi Higer amene amachoka pa siteshoni ya Intercity kubwera kuno ndi ake. Mathiraki a Howo ndi ake. Chilala cha 2024 chitaumitsa Kariba, magetsi n'kumazima tsiku lathunthu, aliyense amene anali ndi kangachepe anathamangira ku Kamwala kukagula sola, batire kapena jenereta, ndipo zambiri mwa zimenezo zinachokera komweko.

Nanga ife timawatumizira chiyani? Mkuwa. Mwa madola khumi alionse amene dziko limapeza pogulitsa katundu kunja, pafupifupi asanu ndi awiri ndi a mkuwa. Mkuwa womwewo ndiwo uli m'mota ya chigayo, m'jenereta, m'chaja ya foni. Umachoka ku Solwezi ndi ku Chingola uli mapale, n'kubwerera utakulungidwa m'bokosi, mtengo utakwera kangapo, malipiro a amene anaukulunga atatsala kutsidya kwa nyanja. ZAMEFA ya ku Luanshya imapanga nthambo zamagetsi, inde, koma mbalame imodzi siidzaza mtengo. Mu 2022 Zambia ndi DR Congo anasainirana pangano lopanga mabatire a magalimoto amagetsi. Zabwino zedi. Koma dziko limene lasiya kupanga njinga yakapalasa lindiuze kaye mmene lidzadumphire mpaka kumeneko.

Ena amati, "Aleke, katundu wotchipa amathandiza osauka." N'zoona pa tsiku logula. Pitani kugalaja ya pansi pa mtengo ku Chawama mukaone zotsatira zake. Makanika wagona pakatoni pansi pa Hiace, wachotsa kachitsulo kamene anaika mwezi watha, katha kale chifukwa kanali gong'a. Kenikeni kulibe, kapena mtengo wake ndi wa madola, ndipo kwacha ikagwa mtengowo umakwera tsiku lomwelo. Mwini basi walipira kawiri, ndipo mawa kondakitala adzatolera ndalamayo kwa mayi wogulitsa tomato kumsika wa Soweto.

Chitsanzo chimene chimandipweteka kwambiri ndi cha zigayo za sola. M'nthawi ya a Lungu tinalonjezedwa zigayo 2,000 zochokera ku China, kudzera ku Zambia Cooperative Federation, kuti unga utsike mtengo. Yendani m'midzi ya kuno muwerenge nokha zimene zikugayabe. Makina akabwera opanda masipeya pafupi, opanda munthu wa m'deralo wophunzitsidwa kuwakonza, amakhala chikumbutso chabe. Mlandu pamenepa sindiuika pa wogulitsa. Wamalonda amagulitsa chimene wogula wavomera. Amene anasaina osafunsa kuti "chikafa adzakonza ndani?" ndi athu omwe.

Chikhalirecho manja tili nawo. Dutsani mumsewu wa Alick Nkhata ku Kalingalinga: mageti, mafelemu a zitseko ndi mawindo, nsanja za matanki, zonse zowotcherera pompo, ndi anyamata amene ena a iwo makina owotcherera anadzikulungira okha. Anthu otere angalephere wilibala, ngolo ya ng'ombe, chopukusira chimanga kapena bokosi la chigayo? Chimene alibe ndi magetsi odalirika, ngongole ya chiwongoladzanja chopepuka, ndi wogula wamkulu. Wogula wamkulu m'dziko muno ndi boma.

Tsono aphungu athu a kum'mawa, m'malo modula maliboni pamashopu ogulitsa katundu wakunja n'kumati chitukuko chafika, kafunseni izi ku Nyumba ya Malamulo. Ndalama za chitukuko cha m'madera a aphungu (CDF) zinakwezedwa kwambiri kuyambira 2022. Ndi zingati mwa izo zagula makina opangidwa m'Zambia? Kampani imene ikugulitsa njinga zamoto zambirimbiri m'chigawo chino, bwanji osaiuza kuti izilumikizira kuno, iyambe ndi zosavuta monga mipando, zonyamulira katundu ndi nthambo, ndiponso iphunzitse ana athu? Njanji ya Chipata–Mchinji inatsegulidwa mu 2010 kuti itilumikize ndi doko la Nacala. Zitsulo zosalumikiza zikhoza kudzera mmenemo, n'kutsikira m'tauni muno, mmene anthu ena amene anagwirapo ntchito ku Luangwa Industries adakali moyo.