Forgács ndi mafilimu a m'makabati

Awerengi, tikamva za Nkhondo Yachiwiri ya Dziko Lonse, ambirife timaona akasinja, ndege ndi Hitler akukalipa pa nsanja. Zambiri mwa zithunzi zimenezo anajambula ndi maboma ndi asilikali. Péter Forgács wa ku Hungary anadzera njira ina, ndipo ine ndikuti njira yakeyo ili ndi choonadi chochuluka.

Mkuluyu anabadwa mu 1950 ku Budapest. Mu 1983 anakhazikitsa nkhokwe ya timafilimu timene anthu wamba ankajambula okha pakhomo: maukwati, madyerero, ana akuphunzira kuyenda. M'menemo ndimo munatuluka mndandanda wa Private Hungary, umene unayamba ndi The Bartos Family mu 1988. Ntchito yake ndi kutola, kudula, kuchedwetsa chithunzi kapena kuchiimitsa, n'kulembapo dzina ndi chaka. Nyimbo nthawi zambiri amapeka ndi Tibor Szemző.

Tatengani Free Fall ya mu 1996. György Pető, Myuda wa ku Szeged, akujambula abale ake akuseka, uku mawu akuimba malamulo a boma olanda Ayuda ntchito ndi ufulu. Iwe woonera ukudziwa kuti mu 1944 Ayuda oposa 430,000 anachotsedwa m'dzikolo pa masabata ochepa chabe, ambiri kupita ku Auschwitz. Iwo sakudziwa. Paja akulu anati chakudza sichiimba ng'oma.

Mu The Danube Exodus ya mu 1998, woyendetsa sitima Nándor Andrásovits akujambula Ayuda akuthawa pa mtsinje wa Danube mu 1939, ulendo wa ku Palestine. Mu 1940 munthu yemweyo akujambula alimi a Chijeremani a ku Bessarabia akusamutsidwa, kukwera mtsinje womwewo. Forgács sakutiuza woti timulire ndani. Amangotionetsa nkhope ndi katundu wawo.

Alipo ena amati: kodi eni akewo anavomera kuti zam'nyumba mwawo zionedwe ndi dziko lonse? Enanso amati kamera masiku amenewo inali ya opeza bwino, ndiye wosauka ali kuti? Mafunsowa ndi oona, sindikana. Ngakhale kuchedwetsa chithunzi ndi kuikapo nyimbo ndi kulowetsapo maganizo ake.

Komatu Forgács sabisa dzanja lake, pomwe filimu ya boma imanamizira kuti ilibe mwini. Ndipo tikasiya timafilimuti m'makabati, chotsala n'chiyani? Manambala basi, ndi zithunzi zimene anajambula akupha omwewo. Munthu amene wamuona akuvina pa ukwati wake sungamuwerengenso ngati nambala.

Mu 2007 anamupatsa mphotho ya Erasmus ku Netherlands. Ine ndikuti anaiyenera, chifukwa anabwezera mayina kwa anthu amene maboma anawasandutsa chiwerengero.