Madzi Saiwala Khwawa: Ulendo Wapansi ku Kamakura

M'kope lino tikupita kutali ndithu, ku Japan, kumene kuli tauni ina ya m'mphepete mwa nyanja yamchere yotchedwa Kamakura. Ambiri a ife dziko la Japan timalidziwira pa magalimoto ndi mawailesi, koma lero zamakina tiziike pambali. Tiyende wapansi pambuyo pa namulondola, monga amachitira alendo amene amafika kumeneko tsiku ndi tsiku kudzaona akachisi akale ndi magombe. Njira yokha munthu angathe kuipeza pa mapu. Chimene amalipirira namulondola ndi mbiri ya malowo, makamaka mbiri ya zimene madzi anachitapo, ndipo nkhani imeneyi ikutikhudza ife okhala m'mbali mwa nyanja.

Kamakura ili pa mtunda wa makilomita pafupifupi 50 kummwera kwa Tokyo, ulendo wa ola limodzi pa sitima yapamtunda. Mbali zitatu yazunguliridwa ndi mapiri, mbali yachinayi ndi nyanja. N'chifukwa chake mtsogoleri wa ankhondo, Minamoto no Yoritomo, anakhazikika pamenepa mu 1180, podziwa kuti adani sangalowe wamba. Mu 1192 anapatsidwa udindo wa shogun, ndiye kuti mkulu wa asilikali wolamulira dziko m'dzina la mfumu, ndipo boma la ankhondoli linakhala ku Kamakura kufikira 1333. Lero ndi tauni ya anthu pafupifupi 170,000, komatu mliri wa Covid-19 usanafike inkalandira alendo oyandikira 20 miliyoni pachaka. Khamu lotere limatopetsa eni mudzi, moti mu 2019 khonsolo ya tauniyi inakhazikitsa lamulo lopempha alendo kuti asamadye akuyenda m'misewu yodzaza anthu.

Anamulondola alipo a mitundu iwiri. Ena ali ndi chiphaso cha boma chimene amachipeza atakhoza mayeso a chinenero, mbiri ndi malo a dziko lawo. Kufikira 2018 iwo okha ndiwo ankaloledwa kulipiritsa alendo akunja, koma chaka chimenecho lamulo linafewetsedwa. Ena ndi ongodzipereka, ndipo mwa iwo muli azibambo ndi azimayi opuma pa ntchito amene amakonda kwawo ndipo amafuna kuti mlendo achoke atamvetsa. Ulendo umatenga theka la tsiku kapena tsiku lathunthu, ndipo nsapato zofewa ndi botolo la madzi ndiye katundu wofunika.

Phunziro loyamba limakhala lakuti malo opembedzerako ku Japan ali pawiri. Pali a chipembedzo cha Chibuda, chimene chinalowa m'dzikomo zaka za m'ma 500 kudzera ku Korea, ndiye pali a Shinto, chipembedzo cha makolo a dzikolo. Malo a Shinto mumawazindikira ndi chipata cha mizati iwiri yokhala ndi mitanda pamwamba, chotchedwa torii. Kwa zaka mazana ambiri zipembedzo ziwirizi zinkayendera limodzi, mpaka mu 1868 pamene boma linalamula kuti zilekanitsidwe.

Maulendo ambiri amayambira pa siteshoni ya Kita-Kamakura, pafupi ndi kachisi wa Engaku-ji. Anamumanga mu 1282 wolamulira Hojo Tokimune, pambuyo poti ankhondo a ku Mongolia ayesa kawiri kulanda Japan, mu 1274 ndi mu 1281. Ulendo wachiwiriwo namondwe anaphwanya zombo zawo. Chodabwitsa n'chakuti kachisiyu anamumanga pokumbukira akufa a mbali zonse ziwiri, eni dziko ndi adani omwe. Mukangoyenda pang'ono mumafika pa Tokei-ji, amene anakhazikitsidwa mu 1285 ndi mkazi wamasiye wa Tokimune. Kale mkazi analibe mphamvu yothetsa banja ngakhale akuzunzidwa chotani, koma akathawira kuno n'kukhalako zaka ziwiri kapena zitatu, ukwati unkatha. Amayi amene mukuwerenga, taganizani misozi imene makwerero a pakhomo limeneli anaiona. Munthu woyenda yekha angadutsepo n'kungoona maluwa. Safunsa anadya phula.

Kuchoka apo njira imatsika kulowera ku Tsurugaoka Hachimangu, malo aakulu a Shinto m'tauniyi, amene Yoritomo anawasamutsira pano mu 1180 kuchoka kufupi ndi gombe. Pambali pa makwerero ake panali mtengo waukulu wakalekale wotchedwa ginkgo, umene mphepo inauzula mu Malichi 2010. Anthu anamva chisoni ngati pagwa maliro, koma pa mizu yake panaphuka mphukira zimene zikukula mpaka lero. Kuchokera apa msewu wotchedwa Wakamiya Oji umapita chowongoka kukafika kunyanja, mtunda wa makilomita osakwana 2.

Mwina wina wafunsa kale kuti, nanga Msilamu akafika pamalo otere achite bwanji? Pakhomo pamakhala chomwera cha madzi pamene eni ake amasamba m'manja ndi kutsuka m'kamwa, kenaka amaponya kandalama, kuwerama ndi kuomba m'manja. Zimenezo ndi mapemphero awo, ndipo mlendo sakakamizidwa kuchita nawo. Zake ndi kuima pambali mwaulemu, kutsitsa mawu, kuvula nsapato pamene auzidwa kutero, ndi kusajambula pamene aletsa. Mumuuziretu namulondola ulendo usanayambe kuti simudzawerama, kuti mudzafuna kamphindi ka swala, ndiponso kuti simudya nkhumba kapena chakudya chothiridwa mowa. Izi n'zofunika chifukwa ophika a ku Japan amakonda kuthira m'ndiwo mowa wa mpunga wotchedwa sake kapena mirin, ngakhale ndiwozo zikhale nsomba.

Tsono tifike pachimake pa ulendo. Chakumadzulo kwa tauni, pa kachisi wa Kotoku-in, pali chiboliboli chachikulu cha Buddha chopangidwa ndi mkuwa. Ntchito yochiumba inayamba cha m'ma 1252. Kutalika kwake ndi mamita opitirira 11, kulemera matani pafupifupi 121. Alendo amathamangira kujambula, koma namulondola wodziwa ntchito amayamba waloza pansi. Mozungulira chibolibolicho muli miyala ikuluikulu yaphanthiphanthi imene anthu otopa amakhalapo. Miyala imeneyi inali maziko a nsanamira za nyumba yaikulu, pakuti poyamba chibolibolichi chinali m'kati. Namondwe anaigwetsa nyumbayo mu 1334, anthu n'kuimanganso, ndipo mu 1369 inagwanso. Zolembedwa zakale zimasimba kuti chakumapeto kwa zaka za m'ma 1400 chivomezi chinautsa mafunde aakulu, aja amati tsunami, amene anakwera kumtunda mpaka kufika pamalo pano. Chiyambire nthawi imeneyo chibolibolicho chili pamtetete, zaka zoposa 500.

Apa namulondola amauza alendo kuti atembenuke ayang'ane kumene kuli nyanja. Siioneka n'komwe, ili pafupifupi kilomita imodzi kuchoka pamenepo, ndipo pakatipo padzaza nyumba, masitolo ndi misewu. Munthu ukayenda mtunda umenewo ndi mapazi ako ndi pamene umamvetsa kukula kwa madzi amene anadutsapo. Pa basi sungazimve.

Pa 1 Sepitembala 1923 chivomezi chachikulu chimene chinasakaza Tokyo ndi Yokohama chinagwetsanso akachisi ambiri ku Kamakura, chinaononga maziko a chiboliboli chija, ndipo mafunde anakokolola nyumba za pa gombe la Yuigahama. Mu 1960 ndi 1961 amisiri analimbitsa khosi la chibolibolicho, n'kukonza pansi pake kuti nthaka ikagwedezeka chizitha kusuntha pang'ono m'malo mothyoka. Lero mukamatsikira ku gombe mumaona zikwangwani pa mapolo a magetsi zonena kuti pamene mwaimapo ndi mamita angati pamwamba pa nyanja, ndi mivi yoloza kothawira. Mwana wa sukulu amadziwa kuti nthaka ikagwedezeka kwambiri sadikira kuuzidwa, amathamangira kumtunda.

Gombelo palokha ndi lokongola zedi. Kasitima kotchedwa Enoden, kamene kanayamba kuyenda mu 1902, kamadutsa m'mphepete mwenimweni mwa madzi pa njanji ya makilomita 10, ndipo ambiri amatsirizira ulendo wawo pa kachilumba ka Enoshima kamene amafikako podutsa pa mlatho. Kukacha bwino, makamaka nyengo yozizira, phiri la Fuji la mamita 3,776 limaoneka kutsidya kwa madzi. Asodzi a kuno amagwira tinsomba ting'onoting'ono toyera totchedwa shirasu, tocheperapo kuposa usipa, timene amatifwafwaza n'kutiyanika kapena kutidya taziwisi pa mpunga. Kuyambira Januwale mpaka chakumayambiriro kwa Malichi kugwira tinsombati n'koletsedwa, kuti tisathe m'nyanja. Asodzi athu akudziwa bwino tanthauzo la kutseka nyanja.

Kodi mbiri yotereyi inapulumutsapo munthu? Yankho lili kumpoto kwa Japan, kutali ndi Kamakura, m'kamudzi ka asodzi ka Aneyoshi m'dera la Iwate. Tsunami inapululutsa mudziwu mu 1896, n'kubweranso mu 1933. Otsala ochepawo anaimika mwala pa chitunda n'kulembapo chenjezo lakuti ana ndi zidzukulu asadzamange nyumba kumunsi kwa mwalawo. Kukhala kumtunda kunali kovuta kwa asodzi, chifukwa maboti ndi maukonde zinali kutali, komabe anamvera. Pa 11 Malichi 2011 chivomezi champhamvu chinautsa mafunde amene anapha kapena kusowetsa anthu oposa 18,000 m'chigawo chimenecho. Ku Aneyoshi madzi anakwera chigwa chonse n'kuima kumunsi kwa mwala uja, ndipo nyumba za m'mudzimo zinatsala zili chiimire. Mawu a akulu akoma akagonera.

Pambuyo pa tsokali boma linakonza njira ya oyenda pansi yotchedwa Michinoku Coastal Trail, ya makilomita oposa 1,000 kuchoka ku Hachinohe kukafika ku Soma, imene inatsegulidwa yonse mu 2019. M'matauni ambiri a m'njirayi muli anthu amene anapulumuka, omwe amayenda ndi alendo n'kumawaonetsa pamene madzi anafika ndi kumene anthu anathawira. Amatero chifukwa akudziwa kuti mwala ukhoza kumera ndere, ndipo ukasowa woufotokoza umasanduka mwala wamba.

Abale ndi alongo, nyanja yathu ilibe mafunde ngati amenewo, koma nayo imakwera ndi kutsika. Akuluakulu akukumbukira pamene madzi anafika mu 1980. Atabwerera, gombe linakula, anthu anagula malo n'kumanga pamchenga. Mu 2024 nyanja inakweranso n'kulowa m'nyumba ndi m'malo ogona alendo ku Mangochi, Salima ndi Nkhotakota, ndipo ena anataya chuma chimene anachivutikira zaka zambiri. Pafupifupi m'mudzi uliwonse muli gogo amene akanatha kuloza mtengo kapena mwala n'kunena kuti madzi anafikapo apa. Kaya anafunsidwa, aliyense adziyankhe yekha.

Ku Japan anthu amalipira ndalama kuti ayende pambuyo pa munthu wodziwa zakale. Ife anamulondola tili nawo pakhomo, ndipo salipiritsa. Tsiku lina ana akatsekera sukulu, atengeni pamodzi ndi agogo awo, muyende pang'onopang'ono kuchoka kudoko kukwera kumtunda. Agogo aloze pamene panali doko lakale, pamene madzi anafika chaka chakuti, ndi kumene anthu anasamukira. Mwana wodziwa kulemba alembe m'kope, ndipo ngati nyakwawa avomereza, pamalopo muikepo chizindikiro chooneka. Munthu amene akufuna kugula malo kapena kuyamba maziko m'mbali mwa nyanja ayambe wayenda ulendo umenewu asanatulutse ndalama.