NZERU ZA MAKINA ZIKHALE KUNO KU KAFUE

Abale anchito, tamverani. Titalandira ufulu mu 1964, Boma linatimangira mafakitale: Kafue Textiles yoomba nsaru, ndi Nitrogen Chemicals ya feteleza, imene a Kobe Steel a ku Japan anamanga, niyamba nchito mu 1970. Nyumba za ku Estates zinamera, mzinda unakula.

Koma makina anadza okha. Nzeru zake zinatsala kutsidya kwa nyanja, zotsekeredwa m'mapepala a umwini ochedwa patenti. Kacitsulo kakathyoka tinali kukagula kwa eni ace ndi ndarama za kunja. Mtengo wa kopa utagwa mu 1975 ndaramazo zinasowa, ndipo m'kupita kwa zaka misika ya ku Zambia Compound inazizira.

Kodi ife tiribe mitu? Pa ukalaliki wanga ku migodi ndinaona mafitala athu akupeka zipangizo zao, koma m'buku sitinalembemo dzina lao.

Lamulo la 2016 lipatsa mwini nzeru zaka 20 za umwini akalembetsa ku PACRA. Wowocerera wa m'komboni angalidziwe bwanji? Boma litumize akalaliki ace kuno, alifotokoze m'Cinyanja, ndipo malipiro acepe.