Mlandu ukafa usanaweruzidwe

Pa 25 Januwale 2021, bwalo lalikulu la milandu ku United States linatseka milandu iwiri yokhudza Donald Trump osanena kuti wolakwa ndani. Milanduyi inayamba mu 2017. Odandaula, kuphatikizapo boma la Maryland ndi mzinda wa Washington, ankati pulezidentiyo akuphwanya malamulo oyendetsera dziko polandira ndalama za maboma akunja kudzera m'mahotela ake. Iwo ankapempha bwalo kuti limuletse. Koma pa 20 Januwale Trump anali atacoka kale pampando. Nanga bwalo likanaletsa ciani? Patatha zaka pafupifupi zinayi, funso linangotsala lopanda yankho.

Umu ndi mmene mlandu umafera. Bwalo limaweruza mkangano umene ulipo, osati umene unatha wokha. Kuno ku Mozambique lamulo la kayendetsedwe ka milandu yosakhala ya upandu limavomereza zomwezi. Pa Cipwitikizi amati inutilidade superveniente da lide, kutanthauza kuti cacitika cinthu cimene capangitsa cigamulo kukhala copanda nchito.

Lamuloli lili ndi nzeru zake. Oweruza ndi ocepa, milandu ndi yambiri, ndiye kutaya tsiku pa nkhani yozizira n'kulanda nthawi ya munthu amene akuvutika lero. Komatu pali msampha. Amene ali ndi mphamvu angathe kuzengereza dala, kapena kusiya coipaco kwa kanthawi, kuti mlandu ufe.

Ndiye cifukwa cake oweruza a ku America anasiya mipata. Mu 1973, pa mlandu wa Roe ndi Wade wokhudza kucotsa mimba, mayi wodandaulayo anali atabereka kale. Bwalo linaweruzabe, poona kuti mimba siidikira apilo, ndipo vuto lomwelo limabwereranso. Mu 2021, pa mlandu wa Uzuegbunam ndi Preczewski, koleji ina ku Georgia inali itasintha lamulo lake loletsa wophunzira kulalikira pasukulupo. Bwalo linati mlandu sunafe, cifukwa wophunzirayo anapemphanso cipepeso, ngakhale cocepa ngati dola imodzi.

Apa pali phunziro kwa ife. Tinene kuti mwana wanu wamuletsa kulemba mayeso. Mukangopempha kuti amulole kulemba, tsiku la mayeso likadutsa pempho lanu latha nchito. Conco funsani wokuthandizani pa malamulo zinthu ziwiri. Coyamba, kodi bwalo lingapereke lamulo la msanga, lija amati providência cautelar, loteteza ufulu wanu mlandu usanathe? Caciwiri, kodi m'kalata yanu mwalembamo zoti akulipireni pa zimene mwataya? Pempho la malipiro silifa msanga, pakuti zimene munataya zimakhala zitatayika ndithu.

Ndipo oweruza nawonso tiwafunse: mlandu ukafa cifukwa unakhalitsa m'kabati, waupha ndani? Wodandaula analipira thiransipoti, anasiya munda, anabwera pa tsiku lake. Iye sanacedwe ayi.