Kodi dzina la Hana lingamugonetse mwana wosabala?



Ndili ndi pakati pa miyezi 8. Amuna anga akuti akabadwa wamkazi adzakhale Hana, koma apongozi akukana kwamtuwagalu. Akuti Hana wa m'Baibulo anali wosabala, ndiye tikumuitanira mwana tsoka. Nkhaniyi yafika poti sitikudyera limodzi. Ndithandizeni.

Wothedwa nzeru, Santhe

Mwanawe,

Apongozi anu nkhaniyi anaimva theka. Tsegulani 1 Samueli, muwawerengere modekha. N'zoona Hana, mkazi wa Elikana, anakhala zaka osaona mwana, mkazi mnzake Penina akumutonza. Anakalira kwa Mulungu ku Silo mpaka wansembe Eli anamuyesa woledzera. Koma anabala Samueli, ndipo chaputala 2 ndime 21 ikuti anaonjezanso ana aamuna atatu ndi aakazi awiri. Ana 6 amenewo ndiye kusabala kwake?

Dzinali ndi la Chihebri ndipo limatanthauza chisomo kapena kukomeredwa mtima. Kunena mwachidule, Hana ndi Chisomo yemwe uja wadzaza m'midzi mwathu. Anna ndi dzina lomweli litadutsa m'Chigiriki, ndipo Yohane nalonso lili ndi muzu womwewo, kutanthauza kuti Yehova wachita chisomo. Funsani bwino, mwina kubanja kwa apongoziwo kuli kale Anna kapena Yohane amene ali ndi ana ndithu.

Katchulidwe kake kasakuvuteni. Eni ake amayamba ndi liwu lochokera kukhosi, lokhala ngati munthu akuyeretsa pammero, limene m'Chichewa mulibe. Ife timangoti Ha-na, monga analembera m'Buku Lopatulika.

Tsono ndiyankhule ngati namwino. Dzina silitseka njira ya mazira. Zimene ndinkaona kawirikawiri ndi matenda opatsirana pogonana monga chinzonono osachizidwa msanga, kuchotsa mimba mobisa, komanso vuto la abambo, ngakhale kwathu kuno chala chimathamangira kwa mayi. Bungwe la WHO linanena mu 2023 kuti pafupifupi munthu wamkulu mmodzi mwa 6 aliyense amakumana ndi vuto losabereka nthawi ina pamoyo wake. Onsewo si a Hana ayi.

Komabe musakokanekokane ndi apongozi muli ndi mimba yotopa chonchi. Nkhani imeneyi akaikambe ndi mwana wawo, osati inu. Ngati akukakamirabe, apatseni ulemu woti nawonso atche dzina lawo mwana akamatuluka m'chikuta. Mayina awiri salemetsa mwana.

Chimodzi chokha musamale: gwirizanani kalembedwe. Hana, Hanna ndi Hannah ndi mayina atatu pamaso pa kalaliki. Limene mulembetse pakhadi la kusikelo likhale lomwelo pachiphaso chobadwira cha ku NRB, kuti mwana asadzavutike polemba mayeso a Sitandade 8. Ndipo bambowo, ngakhale fodya atawapanikiza bwanji ku Chinkhoma, akonzeretu thiransipoti yoti mukachilire kuchipatala.